Power supply ya 24V ikamafa mobwerezabwereza: yezani musanagule ina

Mu panel iliyonse yoyendetsa makina, kaya ndi pa mapampu a madzi a m'tauni, m'fakitale ya tiyi ku Thyolo, kapena pa makina opanga okosijeni kuchipatala, mumakhala kabokosi kokolekedwa pa njanji ya DIN kamene kamalandira 230V AC n'kutulutsa 24V DC. Imeneyo ndiye power supply. PLC (kakompyuta koyendetsa makina), masensa, ma relay ndi sikirini ya woyendetsa makina, zonsezi zimadalira iyo. Ikangodukiza kwa kamphindi, PLC imazima n'kuyambanso, ndipo makina onse amaima. Kumene kuli odwala, kapena katemera wofunika kusungidwa pakati pa 2°C ndi 8°C, kuima kotereku kumakhudza moyo wa munthu.

Dandaulo limakhala lofanana pafupifupi kulikonse: tinasintha power supply, inagwira miyezi ingapo, yafanso. Kapena PLC ikungozima yokha, tinaika power supply yatsopano koma palibe chasintha. Amisiri anzanga, power supply yochokera kwa wopanga wodziwika siifa chisawawa. Ikafa kawiri pamalo amodzi, dziwani kuti chimene chinapha yoyamba chikadali mu panel momwemo kapena pa waya wobweretsa magetsi, ndipo chidzaphanso yachitatu.

Musanagwire chilichonse, zimitsani, khomani loko pa isolator (switch yodulira magetsi onse olowa mu panel), ndipo yezani kuti mutsimikize kuti mulibedi magetsi. M'kati mwa power supply muli kapasita yaikulu yosunga pafupifupi 325V DC, ndipo mu zimene zili ndi PFC (gawo lokonza kakokedwe ka current) imafika pafupi ndi 400V. Mphamvu imeneyi imatha kutsalamo kwa mphindi zingapo magetsi atazimitsidwa kale. Ngati simunaphunzire kukonza ma board, chivundikiro chisiyeni. Pafupifupi zonse zimene ndifotokoze pano zimayezedwa kunja, pa ma terminal.

Kodi yafadi?

Zambiri zimene zimatayidwa zimakhala zamoyo. Yambani ndi mbali yolowera: pakati pa L (live) ndi N (neutral) payenera kukhala pafupi ndi 230V. Zikakhala bwino, masulani waya wa + kumbali yotulukira kuti power supply itsale yopanda load, n'kuyezanso. Ikaonetsa 24V yokhazikika, yambani kukayikira zinthu zimene ikudyetsa.

Nyali ya DC OK ikamayaka n'kuzima, kuyaka n'kuzima, manambala pa multimeter akudumphadumpha, imeneyo ndi hiccup mode. Power supply yaona short kapena load yopitirira muyeso, yadzizimitsa, yayesanso, n'kupeza vuto likadalipo. Ikudziteteza, ndipo ikuchita zoyenera. Bwezerani nthambi imodziimodzi mpaka mupeze imene ikuigwetsa. Kawirikawiri amakhala waya wa sensa wodyedwa ndi khoswe, koyilo ya solenoid yopsa, kapena madzi olowa mu junction box nthawi ya dzinja.

Apa pali chinthu chimene chimazunguza ambiri. Munthu waika breaker ya 6A pa nthambi ya 24V. Short ichitika, breaker osagwa, koma panel yonse yazima. Breaker ya mtundu wa C kuti igwe pompopompo imafuna current yochuluka kasanu mpaka kakhumi kuposa nambala yolembedwapo, ndiye kuti 30A mpaka 60A. Power supply ya 10A siingatulutse zimenezo. Imayamba ndi iyo kutsitsa voltage, PLC n'kuzima breaker ikadali chilili. Choncho pa nthambi za 24V ikani electronic circuit breaker, imene imadula nthambi yolakwa yokha voltage isanagwe, kapena mafyuzi aang'ono othamanga. Ndipo kumene ndalama zilola, PLC ndi masensa zikhale ndi power supply yawoyawo, ma solenoid ndi ma contactor (ma relay aakulu oyatsa ma motor) akhale ndi ina.

PLC ikamazima posinthira ku jenereta

Vuto ili ndi limene limagulitsa ma power supply ambiri popanda chifukwa. Magetsi akathima, power supply imapitirizabe kutulutsa 24V kwa kanthawi, pogwiritsa ntchito mphamvu yotsala mu kapasita ija. Pa datasheet (chikalata cha wopanga chofotokoza za chipangizocho) kanthawi kameneka kamalembedwa kuti hold-up time, ndipo pa zambiri ndi 20ms kapena kupitirira pang'ono ikasenza load yonse. Magetsi athu ndi a 50Hz, ndiye 20ms ndi cycle imodzi basi. Koma jenereta kuti ilire, ikhazikike pa 1500rpm, ATS (switch yosinthira yokha pakati pa magetsi a ESCOM ndi jenereta) n'kusinthira, pamapita masekondi angapo, nthawi zambiri khumi kapena kuposa. Palibe power supply, ngakhale yodula chotani, imene ingawoloke mpata umenewu payokha. Pobwerera ku magetsi a ESCOM, ATS wamba imayamba yadula mbali imodzi isanalumikize inayo, ndipo mpata wakewo kawirikawiri umaposanso 20ms.

Kuti mutsimikize, ikani multimeter pa MIN/MAX, ndipo muiike pa ma terminal a PLC, osati a power supply. Kenako gwirizanani ndi oyendetsa makina, musinthire ku jenereta mwadala. Muyezo wa IEC 61131-2 umati PLC ya 24V iyenera kugwira ntchito pakati pa 20.4V ndi 28.8V. Nambala yotsikitsitsa ikapitirira kunsi kwa 20.4V, mwapeza gwero. Dziwani kuti multimeter wamba imaphonya kutsika kwachangu kwambiri. Koteroko kumafuna oscilloscope. Njira ina yosafuna chida ndi kutsegula zolemba za m'kati mwa PLC, kuona nthawi imene inazimira, n'kuyerekeza ndi buku la jenereta. Nthawi zikamagwirizana, nkhani yatha.

Zothandiza zilipo ziwiri, ndipo sizilowana m'malo. Buffer module ili ndi makapasita okhaokha, ilibe batire, ndipo imasunga 24V kwa kachigawo ka sekondi pa load yaikulu, kapena masekondi ochepa pa load yaing'ono. Imathandiza pa kuphethira kwa magetsi ndi pa kusinthira kwachangu. Koma kudikira jenereta kumafuna DC UPS yokhala ndi batire. Pa nthambi yotetezedwayo ikanipo zokhazo zimene siziyenera kuzima, monga PLC, sikirini, masensa ndi zolumikizira netiweki. Mukaikapo chilichonse, batire lidzatha jenereta isanalire.

Pali chenjezo limene sindingalidumphe. Mukaika DC UPS, PLC imakhala maso magetsi atathima, pomwe ma motor aima ndipo ma contactor a 230V atseguka. Pulogalamu ikapanda kudziwa kuti magetsi athima, magetsiwo pobwera makina amatha kunyamuka okha, mwina munthu atapisa dzanja m'kati. Perekani ku PLC chizindikiro choti magetsi akulu palibe, ndipo makina owopsa adikire munthu kuti awayambitsenso.

Breaker ikamagwa magetsi akangobwera

Namondwe wa Ana ataononga damu la Kapichira mu Januwale 2022, dziko linataya pafupifupi 130MW, ndipo magetsi ankathima maola ambiri mpaka mu 2023. Ma panel amene anapangidwa kuti aziyatsidwa kamodzi n'kukhala miyezi anayamba kuzima n'kuyaka tsiku ndi tsiku. Pamenepo m'pamene inrush current imadziwika. Power supply ikamayaka, kapasita yake yopanda kanthu imakoka current yaikulu kwa kanthawi kochepa zedi, ndipo pa 230V ma datasheet ambiri amalemba ma amp makumi angapo. Breaker ya mtundu wa B imagwa pa katatu mpaka kasanu kuposa nambala yake. Mukaika ma power supply atatu kapena anayi pa breaker imodzi yotere, onse n'kukoka nthawi imodzi, breaker igwa ngakhale palibe cholakwika.

Musathamangire kuika breaker ya nambala yaikulu, chifukwa breaker ilipo kuti iteteze waya. Onani mtundu umene wopanga walangiza, nthawi zambiri C, gawani ma power supply pa ma breaker angapo, kapena ikani inrush limiter.

Ma power supply ambiri otsika mtengo amachepetsa inrush ndi kachipangizo ka NTC, kamene kamagwira ntchito kakakhala kozizira. Magetsi akathima n'kubweranso m'masekondi ochepa, NTC imakhala ikadali yotentha, ndipo siitchinga kanthu. Kuphethira kobwerezabwereza n'kumene kumapha fyuzi ya m'kati ndi ma diode olandira magetsi. Voltage monitoring relay yodikira mphindi imodzi kapena ziwiri magetsi akabwera imathetsa zimenezi, ndipo DC UPS ndi imene imasenza nthawi yodikirayo.

Ikakhala RCD (breaker yogwa current ikathawira ku earth) ya 30mA imene ikugwa, werengani ma power supply ndi ma VSD (zosinthira liwiro la motor) amene ali pansi pake. Iliyonse imataya current pang'ono ku earth kudzera mu filter yake, ndipo pang'onopang'ono pamenepo pakaphatikizana pamakwana kuigwetsa.

Ikapsa n'kununkha

Power supply yakufa itanunkha kupsa, mbali yolowera itada, nthawi zambiri varistor yake, kachipangizo kotchinga voltage yokwera mwadzidzidzi, yaphulika. Anthu amangoti ndi mphezi. Nthawi zina ndi zoona, koma pali wakupha wina amene saganiziridwa, ndipo njira zopewera awiriwa n'zosiyana kotheratu.

Mphezi imabwera m'dzinja, ndipo imakonda kutengera limodzi zinthu zokhala ndi mawaya otuluka panja, monga masensa a m'thanki, modemu ndi makamera. Yoteteza ndi SPD, yopatutsira kugunda kwa mphezi ku earth, imene muyezo wa IEC 61643-11 umaigawa patatu: Type 1 pa bolodi lalikulu pamene magetsi alowera, makamaka ngati abwera pa mapolo kapena nyumba ili ndi chotchingira mphezi, Type 2 pa mabolodi aang'ono, Type 3 pafupi ndi chipangizo. Mawaya olumikiza SPD akhale aafupi, onse pamodzi asapitirire theka la mita, apo ayi mphamvu yake yoteteza imachepa kwambiri. Earth iyezedwe ndi chida, makamaka m'chilimwe nthaka ikauma, osangoona kuti ndodo ilipo. Kazenera ka pa SPD kakasintha kuchoka pa kobiriwira n'kufiira, yatha ntchito, ngakhale magetsi akuyenda bwinobwino. Mawaya a masensa opita panja amafunanso zotetezera zawozawo.

Wakupha winayo ndi neutral yoduka. Pa three-phase yathu, pakati pa phase ndi phase pali 400V, ndipo 230V timaipeza pakati pa phase ndi neutral. Neutral ikamasuka pa bolodi, ikapsa pa joini, kapena akuba akaidula pa thiransifoma, zinthu za 230V zimayamba kugawana 400V ija mosalingana. Phase yokhala ndi load yochepa voltage yake imakwera kulowera ku 400V, inayo n'kutsika. Power supply yolembedwa kuti malire ake ndi 264V siingapirire. SPD pano siithandiza, chifukwa inapangidwira kugunda kwa kanthawi kochepa kwambiri. Voltage ikakhala yokwera kwa masekondi kapena mphindi, nayonso imapsa.

Zizindikiro zake n'zoonekera kwa amene akuzidziwa: mababu mbali ina ya nyumba akuwala mopitirira, mbali ina akuzirala, ndipo zipangizo zingapo zapsa nthawi imodzi kunja kuli ngwee. Yezani L1, L2 ndi L3 iliyonse ndi neutral makina akugwira ntchito, muyezenso pakati pa neutral ndi earth. Manambala akamasiyana kwambiri, ndiponso akamasintha mukayatsa chinthu chachikulu, zimitsani zonse n'kulondola neutral kuyambira pa bolodi lanu. Vuto likakhala kunja kwa mita, kanenani kwa eni magetsi, musakwere polo. Chitetezo chokhalitsa ndi voltage monitoring relay yoyendetsa contactor, yodula voltage ikapitirira pafupifupi 253V, amene ndi 230V kuwonjezera 10%. Imatetezanso pamene AVR, yowongolera voltage ya jenereta, yasokonekera n'kukweza voltage. Ine pa panel yofunika kwambiri, ngati three-phase ilipo, ndimakonda power supply yolandira ma phase atatu. Siifuna neutral n'komwe, ndipo zambiri zimapitirizabe kugwira phase imodzi ikasowa.

Kutentha

Power supply ikamafa patatha zaka ziwiri kapena zitatu popanda kupsa, kapena ikamadula masana okhaokha, yang'anani kutentha. Chimene chimakalamba msanga m'kati mwake ndi makapasita a electrolytic, ndipo lamulo lodziwika n'lakuti kutentha kukakwera ndi 10°C, moyo wawo umatsika ndi theka. Kukwera ndi 20°C, watsala gawo limodzi mwa magawo anayi. Ku Chikwawa ndi ku Nsanje mu Okutobala ndi Novembala kunja kokha kumapitirira 40°C. Ndiye ganizirani bokosi lachitsulo lotseka, lili padzuwa, m'kati muli VSD yotulutsa kutentha kwakekwake.

Datasheet iliyonse yabwino ili ndi chithunzi cha derating. Zambiri zimapereka mphamvu yonse mpaka 50°C kapena 60°C, kenako zimatsika, zina ndi 2.5% pa digiri iliyonse. Ndiye 10A yolembedwa pa chikwama si 10A mu panel yotentha. Yezani kutentha cha m'ma 2 koloko masana, pansi penipeni pa power supply pamene mpweya ulowera, chitseko chili chotseka. Mukayeza chitseko chili chotsegula mudzapeza nambala yabodza.

Ikhale choimirira monga wopanga ananenera, chakumunsi kwa panel, osati pamwamba pa VSD kapena thiransifoma. Siyani mpata pamwamba ndi pansi, musapanikizepo trunking. Fumbi la tiyi, la ufa ndi la simenti limatseka timabowo ta mpweya, ndipo nalimata ndi nyerere zimalowa kufuna pofunda n'kupangitsa short. Sefa ya fani ya panel ikatsekeka, faniyo ikungozungulira chabe.

Makapasita akatopa, power supply imatha kuonetsa 24V yabwino ilibe load n'kugwa ikangosenza. Imavutanso kuyaka m'mawa kukazizira, ndipo ripple, kugwedezeka kotsalira pa 24V, imakwera: masensa a 4-20mA amayamba kunjenjemera, netiweki n'kumadukaduka. Yatsopano ripple yake imakhala pafupi ndi 100mV kapena kucheperapo. Ya makapasita otopayi ndi imene muyenera kusintha, koma mukonze kaye kutenthako.

Waya wautali

Nthawi zina power supply ikutulutsa 24V, koma chipangizo chakutali chikulandira zochepa. Kuwerenga kwake n'kosavuta. Waya wa kopa wa 1.5mm² wopita mamita 50 n'kubwerera mamita 50 ali ndi pafupifupi 1.17 ohm. Pa 3A mwataya 3.5V, kwafika 20.5V, m'mphepete penipeni mwa malire aja. Valavu imodzi ikangotseguka, chipangizo chazima. Waya wa 4mm² pa mtunda womwewo amataya 1.3V yokha. Mutha kukweza pang'ono pa kasikuluwu kosinthira voltage, koma kumbukirani kuti zinthu zapafupi zilandira voltage yonseyo. Kumene mtunda watalika kwambiri, pititsani 230V n'kuika power supply ina konko. Mangitsaninso ma terminal onse, chifukwa kunjenjemera kwa makina kumawamasula, ndipo terminal yomasuka imatentha n'kudetsa pulasitiki.

Posankha yolowa m'malo

Musakope nambala ya yakale. Panel imawonjezeredwa zinthu chaka ndi chaka popanda wowerengeranso. Yezani current yeniyeni ndi clamp meter yotha kuwerenga DC, makina ali pa ntchito yolemetsa kwambiri. Ine ndimafuna kuti load ya tsiku ndi tsiku isapitirire 70% ya mphamvu yotsala pambuyo pa derating. Power supply yosasenza mpaka m'khosi imatentha pang'ono, imakhalitsa, ndipo hold-up time yake imatalikirako. Onaninso kuti ilandire voltage yotambasuka, monga 85V mpaka 264V, itha kupereka mphamvu yowonjezera kwa masekondi ochepa ma motor aang'ono ndi ma solenoid akamanyamuka, ikhale yopanda fani, ndiponso ikhale ndi contact ya DC OK, yodziwitsa ngati 24V ilipo. Chipangizo chokhudza thupi la wodwala chimafuna power supply yotsata IEC 60601-1; ya mu fakitale siiloledwa kumeneko ngakhale manambala atafanana.

Nambala ya MTBF, avereji ya maola a pakati pa kuwonongeka ndi kuwonongeka kwina, isakunyengeni. Maola mazana a masauzande olembedwapo akunena za kuchuluka kwa zimene zingafe mwadzidzidzi pakati pa zambirimbiri, osati zaka zimene yanuyo ikhale. Funani pamene palembedwa za moyo wake pa kutentha kwakutikwakuti. Mayina monga Mean Well, PULS, Phoenix Contact ndi Siemens SITOP amafalitsa ma datasheet athunthu, koma mayina odziwika ndi amenenso achinyengo amakopera. Gulani kwa wogulitsa wovomerezeka, ndipo yopepuka modabwitsa kapena yotchipa mokayikitsa isalowe mu panel ya chipatala.

Kumene kuzima sikuloledwa n'komwe, ikani ziwiri kudzera mu redundancy module ya ma diode kapena ma MOSFET. Iliyonse ithe kusenza load yonse payokha, ndipo iliyonse ikhale ndi breaker yake, makamaka pa phase yosiyana. Kungolumikiza ziwiri pamodzi popanda module n'koopsa, chifukwa imodzi ikachita short imagwetsa inzake. Ndipo contact ya DC OK ya iliyonse ipite ku PLC kapena ku alamu. Popanda zimenezi, imodzi imafa mwakachetechete, makina n'kumayendabe miyezi, ndipo mumadzadziwa tsiku limene yachiwiri yafa. Zili ngati kuyenda ulendo wautali ndi tayala la sipeya lopanda mpweya. Pa nthawi yokonza makina, zimitsani imodzi mwadala, muone ngati inzake yasenza komanso ngati alamu yalira, kenako musinthanitse.

Mabatire a DC UPS ndiwo amafooka msanga kuposa china chilichonse mu dongosolo lonseli. Zaka zimene opanga mabatire a lead-acid otsekedwa amalonjeza amaziwerengera pa 20°C mpaka 25°C, ndipo kutentha kumawadula moyo monga momwe kumachitira ndi makapasita. Aikeni pamalo ozizirirapo, kunja kwa panel yotentha ngati n'kotheka. Awiri a 12V olumikizidwa motsatizana amakhala pakati pa 27V ndi 27.6V akamatchajidwa, koma nambala imeneyi siikuuzani ngati ali ndi mphamvu, chifukwa ndi ya tchaja. Batire limayesedwa polisenzetsa load n'kuona kuti likhala nthawi yaitali bwanji. Posintha, sinthani onse awiri pamodzi, ndipo lembani tsiku pa batirepo.

Sungani power supply imodzi ya sipeya ya mtundu womwewo pafupi ndi panel, m'chikwama chake, pouma. Makapasita amafookanso akakhala zaka osalandira magetsi, choncho kamodzi pa chaka itulutseni, muiyatse kwa ola limodzi, muyeze 24V yake ili ndi load, n'kuibwezera.